Ketulo ya Abiti Jafali

Ena mwa inu mukatsegula tsamba lino mudabwa kuti kalata ya mpingo wathu yalemba za Msilamu, ndipo amene ayambe kung'ung'udza tikuwadziwa kale ndi maina omwe. Dabwani, palibe mlandu, koma muwerenge mpaka pothera. Amene munakhalako ku Seke Unit O, kuno ku Chitungwiza, m'zaka za m'ma 1980 simusowa kuuzidwa kuti Abiti Jafali anali yani. Munkawaona akudutsa pamsewu wafumbi uja, mpango woyera kumutu, ketulo yabuluu yosupuka m'mbali ili m'manja, ndipo munkadziwiratu kuti kwinakwake kwagwa zovuta. Masiku amenewo kunalibe mipanda ya njerwa iyi yatitsekera m'makola lero. Nyumba ndi nyumba zinkangolekana ndi mzere wa ndiwo zamasamba, ndipo ukatsokomola kawiri aneba ankabwera kudzafunsa.

Anabadwira kufupi ndi Namwera, m'boma la Mangochi, chaka cha fuluwenza ija inapulula anthu nkhondo yoyamba itangotha. Tsiku lake sanalidziwe, ndipo sanaone chifukwa cholidziwira. Bambo awo anali a Jafali, n'chifukwa chake mwa chikhalidwe cha Ayao anatchedwa Abiti Jafali mpaka imvi. Mayi awo anamwalira msanga, ndiye analeredwa ndi azakhali awo, mayi wosaseka wamba amene ankasambitsa maliro a akazi m'midzi itatu. Kwa Asilamu mkazi amasambitsidwa ndi akazi anzake, ndipo munthu saikidwa m'bokosi koma amakulungidwa m'nsalu yoyera yotchedwa sanda, n'kuikidwa tsiku lomwelo ngati n'kotheka. Mtsikanayo atangotha msinkhu azakhali anamugwiritsa ketulo, ndipo zaka zisanu zathunthu ntchito yake inali kungothira madzi pamene wauzidwa. Kumeneko ndiko anatola mawu amene anatiuza kambirimbiri pambuyo pake, akuti maso a wosambitsa alibe pakamwa. Zimene anaona m'zipinda za maliro zaka makumi asanu anapita nazo kumanda osauzako munthu, ngakhale amuna awo.

Anakwatiwa ndi Che Lajabu, telala wofatsa, ndipo mu 1947 anawatsatira kuno, ku famu ina ya fodya cha ku Marondera kumene bamboyo ankasoka maovololo a antchito. Pakomboni ponsepo Asilamu anali iwo okha. Mwana anali mmodzi, dzina lake Patuma. Chaka chimene Patuma anakwanitsa zaka zisanu ndi zinayi, Abiti anadwala malungo aakulu nagonekedwa ku chipatala cha mishoni, ulendo wa tsiku lathunthu wapansi. Ali komweko mwana uja anatsegula m'mimba masiku awiri, basi n'kutsirizika. Che Lajabu anagwira njakata, anangokhala pakhonde. Amayi achikhristu a pakombonipo, Angoni a ku Ntcheu, sanadikire kupemphedwa. Anamusambitsa mwanayo, mmodzi anatulutsa diresi loyera limene mwana wake anabatizidwa nalo namuveka, abambo anakhoma bokosi la matabwa a kushedi, ndipo anakamuika ndi nyimbo.

Abiti atatuluka m'chipatala anapeza mtumbira. Anayenda khomo ndi khomo kugwada ndi kuthokoza, ndipo kuthokozako sikunali kwachiphamaso. Koma mkatimo munali chilonda. Mwana wawo yekhayo anagona wopanda sanda, nkhope yosayang'ana ku Maka, ndipo mayi ake amene anasambitsa ana a eni sanamuthire ngakhale dontho. Mlandu sanaimbe munthu. "Anachita zimene ankadziwa, ndipo anachita ndi chikondi," ankatero akakumbuka. "Wolakwa ndine. Zaka zonsezo ndinkatunga nawo pachitsime chimodzi, osawauzako n'kamodzi komwe mmene ife timaikira munthu." Kuyambira pamenepo anasiya kubisa chipembedzo chawo kuseri kwa chitseko. Wofunsa ankamuyankha, ndipo wosafunsa ankamuuzabe, bola atakhala pansi pafupi nawo.

Atachoka kufamu anakhala zaka zambiri m'lokeshoni ya St Mary's, kenako mu 1979 anapeza kanyumba ku Unit O. Tsiku lachiwiri, akuyanika zovala, anamva mayi wina kuseri kwa mzere wa ndiwo akukalipira nkhuku m'Chichewa chenicheni cha kumudzi: "Iwe mbava iwe, lero lokha ndikuphika ndithu." Abiti anaseka mpaka kugwetsa zopanira zovala. Mayiyo anali a Tryphena Chisale a ku Dedza, akazi a mkulu wa mpingo wathu a Cephas Chisale amene ankagwira ntchito ku njanji. Anali mayi wa Mvano wa mawu okwana tchalitchi chonse popanda chimkuzamawu. Nkhuku ija inaphikidwadi, koma anaizinga ndi Che Lajabu mwa Chisilamu kuti onse adye m'mbale imodzi, ndipo kuyambira tsiku limenelo nkhuku ya kwa Chisale sinafenso ndi mpeni wina. Amayi awiriwo anayamba kuitanana achemwali, ndipo alendo ambiri ankayesa ndi a bere limodzi.

Ufulu wa dziko lino utabwera mu 1980, Asilamu a m'mafamu ndi m'migodi anasamukira ku Chitungwiza mwaunyinji, koma odziwa kusambitsa akazi anali awiri okha, Abiti ndi gogo wina wa ku Mbare. Madzi osambitsira amafunika ofunda, ndiye pankasowa wosonkha moto panja. A Tryphena anangodzipatsa okha ntchitoyo, monga ankachitira ndi ntchito zambiri. M'chipinda sankalowamo, poti a Shehe a kumzikiti ananena poyera kuti manja okhudza thupi la Msilamu akhale a Msilamu, ndipo iwo sanatsutse. Ankazondotsa chitini cha penti pakhomo pa chipindacho, kuseri kwa nsalu yotchinga, n'kumalandira ketulo yopanda kanthu ndi kubweza yodzadza.

Pachitinipo ndi pamene anamva chizolowezi cha Abiti chimene ambiri sankachidziwa. Mayiyu sankasambitsa munthu mwakachetechete ayi, ankalankhula naye. Ankayamba ndi moni wa Chisilamu, n'kutchula dzina la Mulungu, kenako ankamuuza womwalirayo chilichonse asanachichite. "Mayi, takufunditsani nsalu, palibe akuonani. Tiyamba ndi manja ndi nkhope, monga mumachitira popita kukaswali. Tsopano tikutembenuzani pang'ono, tiyambe mbali ya kumanja, musadabwe." Madzi katatu, omaliza othira kamfa wonunkhira, tsitsi kuliluka mizere itatu n'kuligoneka kumbuyo, kenako nsalu zisanu za sanda, iliyonse ndi malo ake. Tsiku lina pobwerera a Tryphena anafunsa ngati akufa amamva.

"Kaya, achemwali," anayankha Abiti. "Koma akakhala kuti amamva, ndisapezeke wopanda ulemu."

Musaganize kuti onse ankaombera m'manja. Kumpingo kwathu kuno ena anapita kwa abusa kukanena kuti akazi a mkulu wa mpingo angotsala pang'ono kulowa Chisilamu. Kumzikiti nako kunali a milomo yawo, akuti Abiti achulutsa kukhala m'masiwa a Akhristu mpaka aloweza nyimbo zawo. Zoti ankabwera pa maliro athu onse n'zoona, kapu yawo ili m'chikwama. Nyimbo sankaimba nawo, mphika wa nkhumba sankauyandikira, koma makapu a tiyi ankatsuka mpaka mlendo womaliza atanyamuka. Nthawi ya swala, mapemphero awo, ikakwana ankapempha kangodya n'kuyala kamkeka kawo, ndipo amayi a Mvano ankatsitsa okha mawu osauzidwa. Ong'ung'udza a mbali zonse ziwiri ankawayankha chimodzimodzi, kuti maliro n'kulirana ndipo misozi ilibe yunifolomu. Pang'ono ndi pang'ono anthu anatopa nako kunena.

Mu 1984, chaka cha chilala chija, mayi wina wa Chisilamu wa ku Zengeza anamwalira m'chipatala Lachisanu madzulo, maofesi a mapepala atatseka, ndipo thupi linakhala ku mochale mpaka Lachiwiri. Kumanda nako maenje ankakumbidwiratu mizeremizere, onse moyang'ana kumodzi. Panalibe wochita zimenezi mwa njiru, malamulowo anangolembedwa ndi anthu amene sanaganizepo za Asilamu. Abambo a kumzikiti analemba makalata awiri koma yankho zii. Abiti anati vuto la kalata n'loti ilibe nkhope. Anapempha a Cephas kuti alembe ina m'Chingerezi chawo cha kunjanji, a Tryphena anasita yunifolomu ya Mvano, bulawuzi yoyera ndi siketi yakuda, ndipo awiriwo anakakhala pabenchi ya kuofesi.

Kalaliki wachinyamata anawerenga kalatayo, anayang'ana yunifolomu ija, nafunsa m'Chishona: "Ko imi amai, handiti muri vekuchechi? Zvinei nemi izvi?"

"Inde mwanawe, ndine wa tchalitchi, ndipo zikundikhudza," anayankha a Tryphena m'Chichewa, ofesi yonse ikumva. "Anthu amenewa akamwalira, moto wa madzi ndimasonkha ndine. Ufuna ndiziusonkha masiku anayi?"

Anauzidwa kuti abwere sabata yamawa. Anabweradi, ndi sabata inayo, ndi inanso, Lachiwiri lililonse, mbatata yophika ili m'nsalu, Abiti n'kumaswali pakhonde la ofesi dzuwa likapendeka. Ulendo wachisanu ndi chiwiri bwana wina wachikulire anawalowetsa, nawafunsa kuti kwenikweni akufuna chiyani. Abiti Chingerezi sankachidziwa, koma patebulopo panali bokosi la machesi. Anatulutsa kamtengo kamodzi, anafunsa kumene kuli kumpoto, nakagoneka patebulo mofatsa. "Munthu wathu amagona chonchi, chammbali, dzanja lamanja pansi, nkhope uko. Sitikupempha malo aakulu, bwana, koma kangodya koti tizikumba tokha." Bwanayo anakayang'ana kamtengoko nthawi yaitali. Isanathe miyezi itatu ngodya ina ya manda inapatulidwira Asilamu, ndipo panapezeka munthu wosaina mapepala Loweruka ndi Lamlungu lomwe.

Malo amenewo Abiti sanawapondepo ali moyo, poti akazi a Chisilamu sapita kumanda. Anangomva kwa amuna awo kuti ndi malo abwino, otsetsereka pang'ono, ndipo pali mtengo wa muula. Chaka chotsatira Che Lajabu anali munthu wachitatu kugona kumeneko. Asanadwale, telalayo anali atadula kale sanda ya akazi awo, nsalu zisanu zoyezedwa bwino, naipinda m'sutikesi pansi pa bedi.

Umasiye unabwera ndi ukalamba pamsana. Maso anayamba kuchita mdima, manja kunjenjemera, ndipo mu 1986 gogo wa ku Mbare uja anabwerera ku Malawi. Abiti anatsala okha. Atsikana a Chisilamu obadwira kuno Chichewa ankachimva koma n'kuyankha m'Chishona, ankalawirira kumafakitale n'kubwera dzuwa litalowa, ndipo mtembo ankauopa zedi. Chilonda cha kufamu chija chinayambanso kuwawa. Imfa sankaiopa, chimene chinkawasowetsa mtendere n'chakuti zimene zinamuonekera Patuma zidzawaonekera iwo, ndi mkazi aliyense wa Chisilamu pambuyo pawo. Tsiku lina awiriwo akutongola chimanga pakhonde, Abiti anangoyamba osadzutsa mutu.

"Achemwali, ine adzandisambitsa ndani?"

"Nanga ine ndapita kuti?" anatero a Tryphena.

"Manja anuwo ndi abwino kuposa ambiri amene ndawaona. Koma lamulolo si langa, ndipo sindingalithyole chifukwa choti lafika pa ine."

A Tryphena zinawapweteka, tisabise. Masiku awiri sanaoloke mzere wa ndiwo uja, ndipo nkhuku za pakhomopo zinamva mawu amene sitingalembe m'kalata ya mpingo. Tsiku lachitatu anatulukira atagwira padzanja Asiyatu, mpongozi wa a Shehe, mayi wa ana awiri amene ankasoka m'fakitale ya zovala. "Uyu ndamupeza," anatero. "Akuopa, koma sanakane."

Ulendo woyamba Asiyatu anaponya ketulo pansi n'kuthawira panja akulira, "Ndinotya, gogo," kutanthauza kuti akuopa. Abiti sanamukalipire. Atamaliza anamupeza kuseri kwa nyumba namuuza kuti nawonso anathawa kawiri, ndipo azakhali awo anachita kuwakoka khutu. Ulendo wachiwiri ndi wachitatu mayiyo anagwira ketulo mpaka pamapeto, koma maso ali kudenga. Wachinayi sunapezeke, chifukwa mu June 1988, kuzizira kutafika pachimake, Abiti anagwidwa ndi chifuwa ndipo sanadzukenso.

Anadwala milungu itatu osadandaula. Swala zonse zisanu ankaswali chogona, ndipo amayi a Mvano ndi amayi a kumzikiti ankasinthana pampando umodzi womwewo wa m'mbali mwa bedi. Lachisanu lina mmawa, dzuwa litangotuluka, a Tryphena analowa ndi phala. Abiti anakana ndi mutu, nawakodola kuti ayandikire.

"Madzi akakhale ofunda, achemwali. Mukudziwa ine ndi kuzizira."

"Ndinakupatsaniponi ozizira liti?"

Abiti anamwetulira. Anakweza chala cha mkombaphala, nanena motsitsa mawu ochitira umboni kuti Mulungu ndi mmodzi, ndipo anatseka maso ngati munthu amene wamaliza kulima ndime yake. Phala lija linazizirira patebulo.

Maliro anayenera kunyamuka mapemphero a Lachisanu akangotha, ndiye nthawi inalipo yochepa. Abambo anakhala panja ndi a Shehe. Asiyatu analowa m'chipinda ndi amayi awiri a kumzikiti amene sanasambitsepo munthu chibadwire. A Tryphena anazondotsa chitini chawo pamalo a masiku onse, napereka ketulo yoyamba. Anadikira kuti ibwerere, koma siinabwerere. Patapita nthawi m'chipindamo munamveka kusisima.

"Mai Chisale, ndakanganwa zvese," anatero Asiyatu kuseri kwa nsalu.

Waiwala zonse. Panja wina anayamba kunena zoti atumize uthenga ku Kadoma, kumene akuti kunali mayi wodziwa, maliro agone mpaka Lamlungu. Mayi amene anakhalira benchi milungu isanu ndi iwiri kuti Msilamu asagonere, agonere iye masiku awiri. Nsalu yotchinga ija inali pafupi, a Tryphena akanangotambasula dzanja n'kuikankha, ndipo chilichonse chofunika kuchitika mkatimo ankachidziwa. Sanaikhudze. Anapinda manja pamiyendo nayandikitsa mutu.

"Sunaiwale mwanawe, wangochita mantha. Apatse moni kaye. Moniwo ndi wako, ine sindingaunene m'malo mwako."

Kunamveka moni wa Chisilamu.

"Tchula dzina la Mulungu. Eya. Tsopano uwauze: Mayi, takufunditsani nsalu, palibe akuonani."

"Mayi, takufunditsani nsalu," anabwereza Asiyatu m'Chichewa chake chopindika, "palibe akuonani."

"Tiyamba ndi manja ndi nkhope, monga mumachitira popita kukaswali."

Madzi anamveka akugwera m'beseni. Ketulo inatuluka yopanda kanthu, inabwerera yodzadza. A Tryphena ankanena, Asiyatu n'kubwereza, manja n'kuchita. Tikutembenuzani pang'ono, tiyambe mbali ya kumanja, musadabwe. Mawu aja okwana tchalitchi chonse tsiku limenelo anali aang'ono, koma pabwalo panali bata moti aliyense ankamva. Bambo wina wa kumzikiti anaimirira kuti akaletse, poti sanamvepo Mkhristu akutsogolera zoterezi. A Shehe anamugwira malaya. "Manjawo ndi a Asilamu, mawuwo ndi a Abiti," anatero. "Khalani pansi." Madzi a kamfa atatha, pofika pa tsitsi Asiyatu anayamba yekha a Tryphena asananene: "Mayi, tikulukani mizere itatu." Nsalu zisanu za Che Lajabu zinakwana ndendende.

Jeneza, machira aja amanyamulira maliro, inatuluka nthawi yake. Amayi onse anatsala pakhomo monga mwa mwambo, a mipango yoyera ndi a Mvano ataima pamodzi osadziwika uyu ngwa kuti. A Cephas anapita ndi abambo, ndipo pobwera anawauza akazi awo kuti achemwali awo agona chammbali, dzanja lamanja pansi, nkhope ku Maka, mapazi ochepa kuchokera pa muula uja. Apo ndi pamene a Tryphena analira, ndipo Unit O yonse inamva.

Abiti Jafali sanasiye nyumba yanjerwa, mdzukulu kapena dzina lolembedwa pakhoma. Anasiya ngodya ya manda, anasiya Asiyatu amene lero waphunzitsa amayi asanu ndi mmodzi, ndipo anatisiyira ife a mumpingo uno chizolowezi chofunsa aneba athu mmene amapempherera tsoka lisanagwe. Asiyatu kunyumba ndi kumsika amalankhula Chishona, koma akuti akalowa m'chipinda cha maliro amalankhula Chichewa chokhachokha, ndipo katchulidwe kake ndi ka ku Dedza.

Patatha milungu iwiri chiikire maliro aja, Asiyatu anabwera ndi ketulo yabuluu ija kuti aisiye kwa a Tryphena ikhale chikumbutso. Iwo anakana, akuti ketulo ndi ya ntchito, si ya pakabati. Mwezi usanathe, mmawa wina Asiyatu anaonekeranso pa mzere wa ndiwo uja, mpango woyera kumutu, ketulo m'manja.

"Mai Chisale," anatero, kenako anameza malovu nayambiranso. "Achemwali, kwagwa zovuta ku Unit N."

A Tryphena sanafunse kuti ndani. Analowa m'nyumba, natuluka ndi machesi ndi chitini chawo cha penti.